Sindinakupatseni, Bambo a Fon

1

Chaka chimene ndinamaliza sukulu ndinadzilemba ndekha ntchito imene palibe anandituma, yobwezera ababa m'nyumba mwa amayi.

Dzina langa ndine Plaifon, koma kwathu ku Khon Kaen aliyense amangoti Fon. Ndinali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu, mutu wodzaza mafilimu achikondi, ndipo ndinkakhulupirira kuti anthu amene anakondanapo salekana, amangosocherana.

Ababa, a Anuchit, anali ndi kampani yogulitsa simenti ndi malata. Kwathu ankagona koyambirira kwa sabata, masiku enawo ankati ali ku Udon kuntchito. Ntchitoyo inali ya tsitsi lalitali, inalinso ndi kamwana kakamuna, ndipo tauni yonse inkadziwa. Amayi, a Wanida, sankaitchula nkhaniyo. Ankatsegula sitolo yawo ya mankhwala, kutseka, kuphika, kugona. Ababa akabwera, ankawaikira mpunga patebulo ngati akuikira mlendo amene sadzabweranso.

Mayeso atatha, m'mwezi wa Malichi, kutentha kutafika poti agalu asiya kuuwa, ndinayamba kuona zimene mwana wa sukulu saona. Amayi ankatuluka m'mamawa amonke a kukachisi asanadutse ndi mbale zawo zolandirira chakudya. Ankabwera thukuta lili kamukamu, maso akuwala. Zikhatho zawo zinali zolimba ngati za munthu wolima, ndipo dzanja lamanzere linali loyererako kuposa lamanja.

Ndinati basi, apeza chibwenzi, ndachedwa. M'mawa mwake ndinakwera kanjinga kanga kamoto n'kuwatsatira.

2

Galimoto yawo inakhotera pamsewu wopita ku bwalo la ndege, n'kuima pamalo aja a maukonde ataliatali, pophunzirira gofu.

Ndinawapeza kumapeto kwa mzere, atavala gulovu kudzanja lamanzere, ndodo ili m'manja. Kumbuyo kwawo kunali mayi wachikulire, wowonda, wakuda ndi dzuwa, atapinda manja. Anali a Jintana, amene pa utsikana wawo ankasewera m'mipikisano, tsopano ankaphunzitsa.

"Mwathamangiranso ndi mapewa, mayi," anatero a Jintana. "Chiuno chiyambe, manja atsatire. Mukuthamangira kuti? Kampirako kali ndi miyendo?"

Amayi anamenya kamodzi. Kenako anaima, anaonera pafoni mmene amenyera, anabwereza pang'onopang'ono opanda mpira, ndiye n'kuikapo kampira kena. Pambali pawo azibambo ankangophulitsa timipira ndi ndodo zikuluzikulu, mabasiketi a timipirato n'kutha. Basiketi ya amayi inkachepa ngati mankhwala a m'diso.

"Amayi!" ndinafuula. "Gofu? Inuyo?"

Sanadzidzimuke. "Tseka pakamwa, mulowa ntchentche."

"Mwayamba liti?"

"Papita zaka. Iwe unali wotanganidwa ndi mabuku."

"Ababa akudziwa?"

"Bambo ako sadziwa ngakhale mtundu wa makatani a kuchipinda kwawo."

Pamenepo ndinaganiza kuti ndamvetsa zonse. Gofu ndiye anali mkazi woyamba wa ababa, amayi ndi wa ku Udon uja ankangotsatira pambuyo. Ndiye taonani mayi wa zaka makumi anayi ndi zisanu akudzuka mumdima, kung'amba zikhatho, kuti aphunzire chinthu chimene mwamuna wake amakonda! Misozi inalengeza.

"Mukufuna kuwabweza," ndinatero, nditawakumbatira m'khosi. "Amayi, mukufuna kuwabweza!"

Amayi anayang'ana a Jintana. A Jintana anayang'ana maukonde.

"Ndikufuna kudzasewera nawo tsiku limodzi," anatero amayi. "Tsiku limodzi lokha."

Owerenga, gwirani mawu amenewa. Amayi anga sanandinamizepo ngakhale kamodzi.

3

Ndinayamba kupita nawo m'mawa uliwonse. Tsiku loyamba ndinapempha ndodo, ndinazunguza ndi mphamvu zonse, kampira kanatsala pomwepo, ine ndinatsala pang'ono kugwa. Ndinayesa kangapo n'kuitaya.

"Sindinabadwe nazo," ndinatero.

"Palibe wobadwa nazo," anatero a Jintana. "Amayi ako atabwera kuno ankamenya ngati akupha njoka m'bafa. Kusiyana kwanu n'koti iwo akaphonya amafuna adziwe chifukwa, iwe ukaphonya umafuna ayisikilimu."

Amayi sankachita zimene akudziwa kale. Chimene chawavuta dzulo ndi chimene ankayambira lero. Sabata yathunthu ankatha kuthera mumchenga uja amathira dala m'bwalo la gofu, kuphunzira kutulutsa kampira, mpaka mchenga m'tsitsi, m'makutu, m'chakudya chathu. Ine ndinkatopa ndi kuonerera kokha.

Koma chimene chinkandinyansa kwambiri chinali timipira tapafupi. Akamaliza zonse, ankapita pa kapinga wosalala pamene pali dzenje, n'kuika kampira patali ngati mkono umodzi, n'kukakankhira m'dzenje. Kenako kena. Kenako kena. Akaphonya kamodzi, ankayambiranso pachiyambi. Madzulo kunyumba ankayala kapeti wobiriwira m'khonde, ntchito n'kukhala yomweyo.

Ndili wamng'ono ababa ankanditenga ku bwalo la gofu, ndiye mwambo wake ndinkaudziwa. Kampira kakaima pafupi ndi dzenje, mnzako amakukhululukira, sukagwetsanso, umangotola. Ababa ankasewera ndi anyamata a kukampani kwawo ndi anthu ofuna simenti, ndipo kampira kawo kasanaime n'komwe anthuwo ankapikisana kufuula: "Tolani bwana, takupatsani!"

"Timeneti amapatsana ulere, amayi," ndinatero. "Mukuvutikiranji?"

"Ine palibe adzandipatse."

Tsiku lina anandiitana kukhonde. "M'malo mongokhala ngati chidole, ndithandize. Ndikamafuna kumenya, uzindisokoneza."

Imeneyo ndiye inali ntchito yanga! Ndinkawomba zivundikiro za mapoto, ndinkaimba mokhotetsa mawu, ndinkafuula kuti kwalowa buluzi m'siketi. Poyamba ankaseka n'kuphonya. Patapita masiku, ngakhale mphika utagwa sankaphethira.

Ndiye madzulo ena anati, "Phokoso ndalizolowera. Tsopano lira."

"Ndilire?"

"Si umati ukufuna kudzakhala wa m'mafilimu? Gwada apo. Undichonderere kuti ndiphonye."

Ndinagwada, ndinagwira pamtima, ndinatulutsa mawu onjenjemera. "Amayi, chonde, musatero! Ndichitireni chifundo, ndine mwana wanu!"

Kampira kanadutsa kutali ndi dzenje. Amayi anaika ndodo pansi. Anakhala pampando kanthawi, akupuma ngati athamanga.

"Ndakhoza eti?" ndinafunsa monyadira.

"Wakhoza. Bwereza."

Ndinabwereza madzulo amenewo, ndi otsatira, ndi otsatira. Ndinkawonjezera tsabola, ndinkawagwira mwendo, nthawi zina misozi yeniyeni inkatuluka. Mvula yoyamba isanagwe, amayi ankagwetsa kampira ine ndikulira pamapazi awo, nkhope yawo ili zii ngati akuwerenga mapiritsi.

"Basi, ndakonzeka," anatero. "Koma ndikawapempha ine, bambo ako akana. Iwe sanakukanizepo kanthu."

4

Zotsatira zinatuluka, ndinapeza malo ku yunivesite ya ku Chiang Mai. Ababa ananditengera kokadya nkhuku yootcha ndi mpunga womata, anaitanitsa papaya wosinja wa tsabola wambiri monga ndimakondera.

"Mwana wa ine!" ankauza aliyense wodutsa. "Mutu ngati wa bambo ake. Nena, ukufuna chiyani? Foni? Kagalimoto?"

"Ndikufuna musewere gofu ndi amayi."

Anasiya kutafuna. "Ndi ndani?"

"Ndi amayi. Akhala akuphunzira, ababa. Chifukwa cha inu."

Anaseka mpaka kutsamwa, woperekera zakudya anathamanga ndi madzi. "Wanida? Amene amaopa ndi kugwira tsache lalitali? Wakutuma ndi iyeyo?"

"Ndi mphatso imene ndikufuna."

Anandiyang'ana, kuseka kukadali m'maso. Kenako anatenga foni n'kuimbira a Kriang, mnzawo wa kuubwana, amene ine ndimawatchula amalume.

"Kriang! Ukukumbukira za paphwando paja? Akufuna ayeseredi! Loweruka lino. Uitane anyamata onse, pakhala filimu yaulere."

Atadula anandisisita tsaya. "Ukawauze amayi ako kuti mawu anga ndi omwe aja. Sindinasinthe."

Ndinathamanga nawo uthengawo ngati ndanyamula maluwa. Mawu omwe aja! Ndinkaganiza za mawu a tsiku la ukwati, akulu atawathira madzi m'manja monga mwa mwambo wathu.

Amayi anamvetsera, anagwedeza mutu, anapita kukhonde kukayala kapeti.

5

Loweruka kunacha kopanda mtambo. Ndinavala diresi yoyera, ndinabisa maluwa m'galimoto oti ababa akapatse amayi pamapeto.

Anthu anabweradi: amalume a Kriang, anyamata a kukampani, anzawo a ababa ochita malonda. Atsikana onyamula ndodo, nkhope zawo zitakulungidwa ndi nsalu kuopa dzuwa, ankanong'onezana.

"Mayi a Fon," anatero ababa mokweza, "ndodoyo agwira kowondako, kokhuthalako ndi komenyera."

Anyamata anaseka kuposa mmene nthabwalayo inkafunikira. Amayi analumikiza manja kupereka ulemu kwa onse, kenako anatembenukira kwa amalume.

"Achimwene, mawu aja mukuwakumbukira?"

"Ndikuwakumbukira, mlamu," anayankha amalume, osaseka.

Anagwirizana zowerenga dzenje ndi dzenje. Wogwetsa kampira atamenya kochepa, dzenjelo ndi lake, ndipo wokhala ndi maenje ambiri pamapeto wapambana.

Ababa anamenya koyamba, kampira kanauluka mpaka kusowa, anyamata anawomba m'manja ngakhale kanakagwera m'mitengo. Amayi anamenya kawo. Sikanapite patali, koma kanagwa pakatikati ngati akaika ndi dzanja. Kuseka kunachepa.

Pa dzenje loyambalo kampira ka ababa kanaima pafupi. Anyamata asanatsegule pakamwa, amayi analankhula ndi mawu ofewa amene ndinali ndisanawamve m'nyumba mwathu.

"Tolani, bambo a Fon. Ndakupatsani."

Ndinatsina mkono wa amalume. Pa dzenje lachiwiri chimodzimodzi. Lachitatu chimodzimodzi. Ngakhale pamene kanali patali pang'ono, poti munthu akhoza kuphonya, amayi ankamwetulira n'kuti, "Tolani." Koma ababa sanawapatse amayi ngakhale kamodzi.

"Gwetsa tione," ankatero. "Ukufuna zaulere ngati uli kukachisi?"

Amayi ankagwetsa.

Dzuwa litafika pamutu, malaya a ababa anali atamatirira pamsana. Anayamba kukalipira mtsikana wowanyamulira ndodo, kukalipira mphepo, kukalipira mbalame. Akatenga dzenje, amayi ankatenga lotsatira. Tinafika pa dzenje lomaliza ali ofanana.

Tikuyenda kumbuyo kwawo, sindinathe kudzigwira. "Amalume, mwaona mmene akuwapatsira? Tsiku lonse! Abwererana anthuwa, ndikukuuzani. Ndi ine ndakonza zonsezi."

Amalume anaima. Anavula chipewa n'kupukuta dazi.

"Mwana iwe, sanakuuze?"

"Chiyani?"

"Paphwando la bambo ako la zaka makumi asanu, m'holo ili apoyi. Amayi ako anawakokera pambali, anawapempha mwaulemu kuti apite limodzi kuboma akasaine, ukwati uthe. Kopanda dzina la bambo ako sizitheka, kupatula kukhoti, ndipo kukhoti mlamu ankakana, ankati dzina lako likhala m'kamwa mwa anthu. Bambo ako anali atamwa. Anakwera pampando, anauza holo yonse kuti mkazi wanga akufuna kundisiya, ine Anuchit! Ndiye anati, tsiku limene udzandigonjetse pa gofu, ndidzasaina. Tonse tinaseka. Amayi ako okha sanaseke. Anandigwira dzanja n'kuti, achimwene, mukhale mboni."

Ndinawagwira mkono. "Ndiye akapambana..."

"Lolemba kuboma. Mawu onenedwa pamaso pa anthu awa sabwezedwa. Akawabweza, palibe adzamugulenso ngakhale msomali."

6

Ndinathamanga. Nditafika pa kapinga wosalala, timipira tonse tiwiri tinali pafupi ndi dzenje, ndipo onse anali atamenya mofanana. Ka ababa kanali patali ngati mkono umodzi, ka amayi pafupi pang'ono. Tsiku lonse amayi anali atapereka totalikirapo kuposa kameneko.

Ababa anawerama kuti atole, monga anachitira tsiku lonse, monga anachitira moyo wawo wonse.

"Sindinakupatseni, bambo a Fon."

Dzanja la ababa linaima m'malere. Anadzutsa mutu, akumwetulira ngati sanamve bwino.

"Wati chiyani?"

"Sindinakupatseni. Gwetsani."

Mnyamata wina wa kukampani anayamba, "Aa, tolani bwa..." Amalume anamuyang'ana, mawuwo anathera pakhosi.

"Kamenekanso?" anatero ababa. "Ngakhale mwana wa mkaka angagwetse."

"Ndiye sikakuvutani."

Anaima pa kampirako. Ndinaona chinthu chimene sindinachionepo: ababa anga sankadziwa poika mapazi. Anasuntha, anabwerera, anapukuta manja pa buluku. Zaka zonse zija palibe anawalola kumenya kampira kotere, ndipo tsiku limenelo amayi anaonetsetsa kuti asakayese ngakhale kamodzi. Kunali zii, ntchentche inkamveka.

Anakankha. Kampira kananyambita mlomo wa dzenje, kanazungulira, n'kutulukira mbali ina.

Mtsikana wina wonyamula ndodo anaseka pansi pa nsalu yake, n'kusandutsa chifuwa.

Amayi anapita pa kampira kawo. Kakalowa, nyumba yathu yatha. Sindinaganize n'komwe. Ndinadzigwetsa pa kapinga ndi diresi yanga yoyera, pamaso pa anthu onse, ndinawagwira mwendo.

"Amayi, chonde, musatero! Ndichitireni chifundo, ndine mwana wanu!"

Mawuwo atangotuluka ndinawazindikira. Anali omwe aja a pakhonde, mpaka kanjenjemeredwe kake. Ndinayang'ana m'mwamba. Nkhope ya amayi inali zii.

Anandichotsa dzanja pamwendo pawo mofatsa, monga ankachitira madzulo aliwonse. Anaika mapazi. Anayang'ana dzenje kamodzi.

Kampira kanalowa pakati penipeni. Kanalira kuti kho.

7

Palibe anawomba m'manja. Amayi anatola kampira kawo, analumikiza manja kwa amalume, kenako kwa ababa.

"Lolemba m'mawa. Mubwere ndi chitupa chanu."

Ababa anawafulatira. Anabwera pamene ndinagwada ine, anaima pamwamba panga mpaka mthunzi wawo unandiphimba.

"Ndiwe unandibweretsa kuno," anatero chapansipansi. "Mphatso yako walandira. Mwamwayi ndili ndi mwana wina ku Udon."

Anapita osatembenuka, anyamata awo akuwatsatira patali.

M'galimoto maluwa aja anali atafota ndi kutentha. Amayi anawasuntha n'kukhala, anavula gulovu, anayatsa injini.

"Munkadziwa," ndinatero. "Munkadziwa kuti ndidzalira."

"Ndinkadziwa."

"Ndiye munandigwadika pakhonde masiku onse aja kuti..."

"A Jintana amati munthu aziphunzira chimene chikumuvuta, osati chimene akuchidziwa kale. Bambo ako sindinkawaopa, Fon. Mchenga ndinauzolowera, madamu a m'bwalomo ndinawazolowera. Chimene chikanandiphonyetsa unali iwe."

"Bwanji simunandiuze?"

"Ndikanakuuza, ukanawaitana bambo ako?"

Ndinatola maluwa aja n'kuwaika pamiyendo.

"Ndinadikira kuti umalize sukulu," anatero, maso ali pamsewu. "Pamenepo ndiye ndinakupatsa. Zotsalazi sindikanatha."

Lolemba anasaina. Amalume anandiuza kuti sizinatenge nthawi yoposa kumwa kapu ya khofi.

Tsopano ndili ku Chiang Mai. Ababa sayankha foni yanga, ndipo akuti gofu anasiya, chifukwa akangowerama kutola kampira pamakhala wina wotsokomola. Amayi ananenepako, amaseka mokweza, amasewera Lachitatu ndi Loweruka ndi anzawo atsopano. Amanditumizira zithunzi. Ndimaziyang'ana nthawi yaitali, koma sindinayankhepo chilichonse choposa "zikomo".

Inu owerenga, makamaka atsikana anzanga amene mumagona mukukonza mabanja a makolo anu m'mutu, sindikuuzani kuti amayi anga analakwa. Ndayesa kuwada, zikukanika. Munthu amene wasekedwa ndi holo yonse n'kudzuka m'mamawa kwa zaka osauza aliyense, ine ndilibe mawu omuweruzira. Ababanso ndayesa kuwada, koma ndikatseka maso ndimaona bambo wothedwa nzeru, wosadziwa poika mapazi, chifukwa aliyense womuzungulira ankamukonda ndi bodza.

Chimene ndingakuuzeni n'chakuti mukaona munthu wamkulu akuchita khama pa chinthu, tsiku ndi tsiku, mwakachetechete, musathamangire kumulembera chifukwa chake ngati mmene ndinachitira ine. Mufunseni. Akakuyankhani mwachidule, funsaninso.

Mwezi watha mnyamata wina wa m'kalasi mwathu ananditengera kumalo a maukonde kuti tikasewere. Kampira kanga kanaima pafupi ndi dzenje, iye anamwetulira n'kuti, "Tola, Fon, ndakupatsa."

Sindinatole. Ndinamuyang'ana m'maso mpaka anasiya kumwetulira, ndipo ndinamufunsa kuti adzasiya liti kundipatsa.